Kalata kwa a Kazembe a India kuno ku Harare: mayi Zakia anafa akudikira, nanga Bilkis?

Olemekezeka a Kazembe,

Ndakupatsani moni, ndikhulupirira mwadzuka bwino kumeneko ku Belgravia. Ine ndine mayi wa zaka 58, telala, Msilamu, wobadwira ku Mbare ndipo ndikukalambira konkuno. Agogo anga aamuna anachoka ku Mangochi wapansi kudzafuna ntchito m'mafamu a fodya, sanabwererenso. Nkhani yanga ndi ya ziwawa za pakati pa Ahindu ndi Asilamu zimene zinachitika mu 2002 ku Gujarat, chigawo cha dziko lanu la India, ndi amayi awiri amene anapulumuka n'kumafuna chilungamo, Zakia Jafri ndi Bilkis Bano. Ndalemba m'Chichewa dala, osati kuti Chizungu chimandikanika ai, ndimachithyola ndithu, koma nkhani imeneyi ikalowa m'Chizungu imamveka ngati lipoti pomwe ine ndikudandaula. Komanso pa zilankhulo 16 zimene malamulo a dziko lino a 2013 anavomereza, Chichewa ndi chimene chimatchulidwa koyambirira, nde womasulira simungamusowe, mukafunsa bwinobwino mupeza kuti mlonda kapena wa m'dimba m'nyumba za ku Belgravia komweko ndi mwana wa kwathu.

Mwina mukudabwa kuti mayi wa ku Mbare za ku India zikumukhudza bwanji. Bambo anga anasoka zaka zambirimbiri pakhonde la shopu ya mkulu wina wa Chihindu m'tauni, cha ku Kopje, atatopa maso makinawo ndinawatenga ndine. Shopu yoyandikana nayo inali ya mkulu wina Msilamu, onse awiri makolo awo anachokera ku Gujarat, ife tinkangoti Amwenye basi, kusiyana kwawo tinkakuona Lachisanu pokhapo mmodzi akatseka shopu kupita ku Jumu'a. Ikakwana 10 koloko ankamwera tiyi limodzi, wa mkaka wa zonunkhira zambiri uja, akulankhula chilankhulo chawo mpaka makasitomala kudikira. Nde kumayambiriro a Malichi 2002 ndinaona chinthu chimene sindichiiwala. Mkulu wa Chisilamu uja anali ndi mlongo wake ku Ahmedabad, mzinda wa ku Gujarat kumene kunabuka ziwawa, foni sinkalowa, manja ake ankanjenjemera moti nambala ankailakwitsa, ndipo mnzake wa Chihindu uja ndi amene anakhala pa foni ya m'shopu mwake masiku atatu akumuimbira, ikadula kuyambanso, ikadula kuyambanso, wailesi ili pa kauntala ikunena za moto. Mlongoyo anapezeka wamoyo ku msasa wa othawa, nyumba yake itapsa. Tsiku limenelo akuluakulu awiriwa analira ngati ana, ine ndili pakhonde ndikunamizira kulowetsa ulusi.

Onse awiri anatisiya. Adzukulu awo lero sapatsana moni, aliyense ali ndi mavidiyo ake pa WhatsApp osonyeza kuipa kwa mnzake. Anabadwira ku Harare kuno anawa, ena ku India sanapondeko nkomwe, koma chidanicho chawapeza pa foni.

Ndiyambire pa Godhra, tauni ya ku Gujarat komweko, kuti musanene kuti mayiyu akulira maliro a mbali imodzi. Pa 27 Febuluwale 2002 bogi ya sitima ya Sabarmati Express inapsa, anthu 59 anafera momwemo, Ahindu obwerera kuchokera ku malo awo opatulika a Ayodhya, amayi ndi ana omwe. Imeneyo inali imfa yoopsa ndipo amene anachita zimenezo Mulungu akawafunsa. Khoti linagamula anthu 31 mu 2011. Koma ziwawa zimene zinatsatira ku Gujarat kuyambira mawa lake si mkwiyo wa tsiku limodzi ai. Boma lanu lomwe linauza nyumba ya malamulo mu 2005 kuti anafa Asilamu 790 ndi Ahindu 254, ndipo anthu 223 anasowa. Zimenezo ndi nambala za boma, ena amati anapitirira apo, ine ndigwira za bomazo kuti tisakanganirane masamu.

Pa 28 Febuluwale, ku Gulberg Society mu Ahmedabad, anthu anathamangira m'nyumba ya a Ehsan Jafri poganiza kuti munthu amene anakhalapo phungu wa nyumba ya malamulo apolisi sangamusiye yekha. Ngakhale ine ndikanathawira komweko. Mkuluyo anakhala maola ambiri akuimba foni kupempha thandizo, gulu lili panja likukuwa, mapeto ake anamukokera kunja n'kumupha, ndipo anthu 69 anafa pamalopo. Akazi awo, mayi Zakia Jafri, anapulumukira m'chipinda cha pamwamba. Mu 2006 anakadandaula kuti akuluakulu a boma la Gujarat, kuphatikizapo a Narendra Modi amene nthawiyo anali nduna yaikulu ya chigawocho, afufuzidwe ngati sanalekerere dala. Ndinena chilungamo apa: gulu lofufuza limene bwalo lalikulu linaika linati mu 2012 palibe umboni wozengera a Modi mlandu, makhoti a m'munsi anavomereza, ndipo pa 24 Juni 2022 bwalo lalikulu linakana apilo ya mayi Zakia. Ine si jaji, sinditsutsa chigamulo. Koma mawa lake lenilenilo, pa 25 Juni, apolisi anakamanga Teesta Setalvad, mayi amene anayenda ndi namfedwayu m'makhoti zaka zonsezo. Kwathu munthu akaluza mlandu kwa amfumu amabwerera kwawo ndi manyazi ake basi, amene anamuperekeza samangidwa. Mukamanga woperekeza nde mukuuza chiyani wina aliyense amene angafune kuperekeza namfedwa mawa?

Mayi Zakia anamwalira pa 1 Febuluwale 2025 ali ndi zaka 86. Mwana wanga atandiwerengera pa foni ndinaimitsa makina n'kuwachitira dua. Paja amati mlandu suwola, eya suwoladi, koma mboni zimakalamba, maondo amafooka, maso amachita khungu, kenako janaza. Mlandu umatsala uli bwinobwino m'faelo, mwini wake ali m'manda.

Koma amene wandilembetsa kalatayi ndi Bilkis Bano, a Kazembe. Pa 3 Malichi 2002 anali ndi zaka 21, ali ndi pakati pa miyezi isanu, akuthawa ndi abale ake kuchoka m'mudzi wa Randhikpur m'boma la Dahod. Amene anawapeza m'njira sanali alendo, ena anali anthu a m'mudzi momwemo, owadziwa ndi maina. Anamugwirira mosinthana, anagwiriranso amayi ena a m'banjamo, anapha abale ake 14, ndipo mwana wake wamkazi wa zaka 3 anamumenyetsa pansi iye akuona. Ndalemba chiganizo chimenechi n'kudzuka kaye kukamwa madzi, ndili ndi mdzukulu wa msinkhu womwewo amene amasewera ndi tizidutswa ta nsalu pansi pa tebulo langa. Bilkis anakomoka, anamusiya poganiza kuti wafa, atatsitsimuka anapempha chovala kwa mayi wina wa m'mapiri momwemo n'kupita kupolisi. Mtsikana wosauka, wosapita patali ndi sukulu, akutchula maina mmodzimmodzi. Apolisi a kumeneko anautseka mlanduwo eti palibe umboni.

Sanagonje. Bwalo lalikulu linalamula kuti apolisi a boma lalikulu, a CBI, afufuzenso, ndipo mu 2004 mlandu anausamutsira ku Mumbai chifukwa ku Gujarat ankamuopseza. Mu Januwale 2008 amuna 11 anawalamula kukhala m'ndende moyo wonse. Mu 2017 khoti la apilo la ku Mumbai komweko linatsimikiza chilangocho, n'kupezanso apolisi asanu ndi madokotala awiri olakwa pa kusokoneza umboni, tangoganizani, dokotala amene analumbira kuthandiza anthu. Mu 2019 bwalo lalikulu linalamula boma la Gujarat kuti limupatse marupi 5 miliyoni, ntchito ndi nyumba. Zaka 17 akusamukasamuka ndi mwamuna wake ndi ana, osakhazikika pamodzi kuopa kupezedwa. Munthu akanati basi zatha, apume tsopano.

Nde pa 15 Ogasiti 2022, tsiku limene India inkakondwerera zaka 75 za ufulu, m'mawa a Modi, apa ali nduna yaikulu ya dziko lonse, ali pa Red Fort ku Delhi kuuza mtundu wonse kuti uzilemekeza amayi, tsiku lomwelo boma la Gujarat linatsegula ndende ya ku Godhra n'kutulutsa onse 11. Panja anawalandira ndi maswiti, kenako nkhata za maluwa m'khosi ngati abwera ndi chikho cha mpira. Phungu wina wa BJP, chipani cha a Modi, amene anali m'komiti yovomereza kuwatulutsa anauza atolankhani kuti anthuwo ndi a Brahmin, gulu lapamwamba pakati pa Ahindu, oleredwa bwino. Ndipo boma la Gujarat linauza khoti lokha kuti unduna wa za m'dziko ku Delhi unavomereza. Apa nde pamene ndikufuna mundimvetse bwino bwana, chifukwa inu mukuimira Delhi. Gulu la anthu olusa likapha, tinganene kuti satana analowa m'mudzi. Koma kutulutsa anthu amenewa kunachitika m'maofesi, masana, anthu atavala bwino, atamwa tiyi, akusainirana mapepala. Palibe amene anali wolusa tsiku limenelo. Mayi wa Chisilamu aliyense ku India anamva uthengawo popanda womumasulira.

Bilkis anabwereranso kukhoti kachikena. Pa 8 Januwale 2024 majaji B.V. Nagarathna ndi Ujjal Bhuyan anati Gujarat inalibe mphamvu yotulutsa anthuwo, mphamvuyo inali ya Maharashtra, chigawo cha Mumbai kumene mlandu unazengedwera, ndipo anawapatsa masabata awiri kuti abwerere m'ndende. Ndimawalemekeza majaji amenewo, ndipo ndikudziwa mudzandiuza kuti mwaona nanga, makhoti athu amagwira ntchito. Amagwiradi. Koma amagwira pamene mayi mmodzi wawakankha zaka 22 ndi msana wake. Nanga amene analibe mtima wa Bilkis, amene anatopa chaka chachitatu, amene mboni zawo zinagulidwa kapena kuopsezedwa? Ndipo patangotha masabata ochepa atabwerera, ena mwa amunawo anali atapatsidwa kale masiku otuluka, wina kukadya ukwati wa m'bale wake.

Zina ndingodutsamo chifukwa nonse mukuzidziwa. Ku Naroda Patiya mu Ahmedabad, pa ziwawa zomwezo za 2002, anafa anthu 97, Maya Kodnani amene anakhalapo nduna anamulamula zaka 28 mu 2012, mu 2018 anamumasula pa apilo. Ku Naroda Gam anafa 11, mu 2023 oimbidwa mlandu onse 67 anatuluka opanda mlandu, kaya anthu 11 aja anadziwotcha okha kaya. Ku Delhi mu Febuluwale 2020 anafa 53, ambiri mwa iwo Asilamu, koma Umar Khalid, mnyamata wolankhula pa misonkhano, anamangidwa mu Seputembala chaka chomwecho n'kutha zaka zisanu m'ndende mlandu wake usanayambe n'kuzengedwa komwe. Ndipo sindikuti ndi matenda a chipani chimodzi ai. Nthawi ya chipani cha Congress, ku Hashimpura mu 1987, apolisi ananyamula amuna a Chisilamu pa lole n'kukawaombera m'mphepete mwa ngalande, 42 anafa, chilango kwa apolisi 16 chinabwera mu 2018. Asikh a ku Delhi amene abale awo anaphedwa mu 1984 nawo anadikira mpaka 2018 kuti aone Sajjan Kumar, wandale wa Congress, akulowa m'ndende. Bilu yoletsa ziwawa za zipembedzo inalowa m'nyumba ya malamulo mu 2005, inangozungulira m'makomiti mpaka anaisiya mu 2014. Khoswe akakhala pa mkhate sapheka, kaya mkhatewo ndi wa chipani chiti.

Tsopano za buludoza, chifukwa imeneyo nde sindinaiwerenge pa foni, ndinaimva fungo lake. Ndinaona mavidiyo a ku Khargone ndi ku Jahangirpuri mu Epulo 2022, a ku Nuh mu Ogasiti 2023, konseku ndi kwanu ku India, kukachitika chipolowe mawa lake makina akubwera kudzagumula nyumba ndi mashopu a mbali imodzi, eti zinamangidwa popanda chilolezo, chilolezocho akuchikumbukira lero. Ine mu Juni 2005, nthawi ya Murambatsvina, pamene boma la kuno linkagumula nyumba zimene linkati n'zosaloledwa, tinkakhala m'kanyumba ka kuseri ka zipinda ziwiri kamene malemu amuna anga anamanga ndi njerwa zogula pang'onopang'ono. Anabwera anthu a yunifolomu m'mawa kukuzizira kwabasi, anati gumulani nokha, mukadikira buludoza mulipiranso faindi. Nde bambo a kunyumba anatenga hamala n'kuyamba kuphwanya khoma lomwe anapaka laimu ndi manja awo pa Eid yapitayo, buludoza ikulira mzere wachiwiri, fumbi ndi dizilo m'mphuno. Ine ndinamasula mutu wa makina anga a Singer n'kuukulunga m'chitenje, kuubereka kumsana ngati khanda, chifukwa ndinadziwa kuti ukasweka umenewo ana sadya. Mayi anga anakhala pa matiresi pamsewu atagwira ketulo. Mnyamata wina mwa a yunifolomu aja, msinkhu wa mwana wanga, anawauza kuti gogo bwererani kumusha. Mayi anamuyang'ana n'kunena kuti mwanawe, ine mchombo wanga unagwera pa famu ku Mazowe, famuyo inatengedwa, ku Mangochi sindikudziwako ngakhale mtengo umodzi, undiuze basi yake ndikwere iti. Sanayankhe. Tinagona panja masabata atatu titadzifunditsa mapepala apulasitiki, ndipo chifuwa chimene mayi anatenga nthawi imeneyo sichinawasiye. Lipoti la Anna Tibaijuka wa UN linati anthu 700,000 anataya nyumba kapena popezera chakudya.

Nde ndikaona mayi wa ku Nuh akufukula mapoto m'zigumukire ndimadziwa chimene akufunafuna, si mapoto ai, akufuna mapepala, satifiketi ya mwana, khadi la kuchipatala. Pa 13 Novembala 2024 bwalo lanu lalikulu linanena kuti boma silingakhale jaji n'kugumula nyumba ya munthu chifukwa chongomuganizira mlandu, pafunika notisi ya masiku 15, ndipo wa boma wophwanya zimenezi alipire za m'thumba mwake. Chigamulo chabwino kwambiri, ife kuno tikanachilakalaka mu 2005. Koma mundiuze wa boma mmodzi yekha amene walipirapo.

Za mapepala nazonso timazidziwa ife. Lamulo la unzika litasinthidwa mu 2001, ife obadwira m'zipatala za Harare zomwezi tinapezeka ndife alendo, chitupa chili ndi chilembo A, pa mzere wovota kubwezedwa. Amatitcha mabhurandaya, mabwidi, ndipo a Mugabe anafika ponena kuti anthu a ku Mbare ndi opanda mutupo, ngati kuti a Phiri, a Banda, a Mbewe ndi a Milanzi si mifunda. Zinakonzedwa m'malamulo a 2013 koma mpaka pano kuli agogo ku Epworth ndi m'mafamu amene alibe chitupa cha dziko lililonse. Ndiye nditamva kuti ku Assam, chigawo china cha India, mndandanda wa nzika wa pa 31 Ogasiti 2019 unasiya kunja anthu 1.9 miliyoni, Ahindu ndi Asilamu omwe, kenako mu Disembala chaka chomwecho n'kubwera lamulo lofulumizitsa unzika kwa othawa ku Pakistan, Bangladesh ndi Afghanistan, lotchula zipembedzo zisanu ndi chimodzi koma Chisilamu osachitchula, thupi langa linazizira. Asilamu a ku India kalembera wa 2011 anawapeza 172 miliyoni, kuposa anthu a Zimbabwe, Malawi, Zambia ndi Mozambique kuwaphatikiza pamodzi, anthu ochuluka chonchi angakhale bwanji alendo kwawo?

Mungandiuze kuti mayi sesani kaye pakhomo panu. Zoona. Lipoti la Chihambakwe la Gukurahundi, kuphedwa kwa anthu ku Matabeleland m'ma 1980, mpaka lero silinaonedwe ndi anthu. Ku Malawi kwa makolo anga mizikiti inawotchedwa kumpoto chisankho cha 1999 chitatha, ndipo mu 2019 ku Balaka Asilamu ndi Akhristu anagendana chifukwa cha hijabu ya ana a sukulu. Ndipo Mhindu wa ku Bangladesh kapena Mkhristu wa ku Pakistan akawotcheredwa nyumba ndi anthu ofuula dzina la Allah, manyazi ake amandigwira ine, kalata yawo ndidzalembanso. Koma lero ndalembera inu chifukwa India si dziko wamba kwa ife. Mankhwala a BP amene ndimamwa m'mawa uliwonse pa bokosi palembedwa Ahmedabad. Gandhi amene mumamukumbukira pa 2 Okutobala anali mwana wa Gujarat, anakhala zaka 21 ku South Africa kuno, mudzi wake wa mapemphero unali m'mbali mwa mtsinje wa Sabarmati, dzina lomwelo la sitima inapsa ija, ndipo Godse anamuombera mu 1948 pomunena kuti akukondera Asilamu.

Chimene ndikupempha si chachikulu. Mukamalemba malipoti anu opita ku Delhi, muikemo kuti kuno kuli anthu akuwerenga masiku a amuna 11 aja, ndipo akadzatulukanso pa khomo la kuseri tidzamva. Muwauze kuti mboni ndi operekeza anamfedwa atetezedwe m'malo momangidwa, kuti milandu ya chipolowe ikhale ndi malire a nthawi munthu asamakwatiwe, kubereka, kukhala ndi zidzukulu akupitabe kukhoti limodzimodzilo, komanso kuti wapolisi amene anazimitsa foni anthu akupsa ayankhe mlandu ngati amene anagwira machesi. Ndipo konkuno, poti mumatha kusonkhanitsa anthu pa tsiku la yoga mu Juni, mungathenso kuitana akuluakulu a kukachisi ndi a kumzikiti a ku Ridgeview ndi Belvedere, ndi achinyamata awo a mavidiyo aja, akhale pansi amwe tiyi, muitanenso mashehe athu a ku Mbare ndi Highfield chifukwa ana athu nawo ayamba kutumizirana zomwezo ndipo ine wanga ndinachita kumulanda foni sabata yathayi.

Kalatayi ndaiika pa intaneti kuti anzanga aiwerenge, koma ina ndasindikiza pa pepala, ndibwera nayo ndekha Lachisanu likubwerali tikaweruka ku Jumu'a, ndikwera kombi mpaka m'tauni kwinako ndiyenda. Ndidzavala hijabu yobiriwira. Mukakhala otanganidwa ndidzaisiya pa geti, nambala ya mwana wanga ndidzailemba kuseri kwa envelopu, ndipo funso limene ndikufuna yankho lake ndi limodzi lokha, amuna 11 aja usiku wa lero agona kuti?

Ine wanu,
Mayi telala wa ku Mbare